Kujambula zomwe palibe: mmene mungapangire filimu yaifupi ya munthu woona zilubwelubwe

Mafilimu athu ambiri akafika poti munthu wayamba kuona zilubwelubwe amachita zofanana: chithunzi chimayamba kugwedera ngati madzi a m'beseni, mitundu imasanduka yofiirira, kumbuyo kukulira kiyibodi. Woonera amadziwiratu kuti apa ndi maloto, n'kungodikira kuti zithe nkhani ipitirire. Inenso ndinapangapo zotero. Amene anandiwongola ndi azakhali anga a ku Mayani, omwe anadwalapo malungo aakulu. Ataonera anapukusa mutu. Anandiuza kuti usiku umene thupi linawatentha kwambiri anaona malemu amayi awo atakhala kumiyendo kwa bedi, atafunda shawelo yawo ya masiku onse, akusenda mbatata ya kachewere. Panalibe utsi, panalibe kuwala kwachilendo. Zonse zinkaoneka bwinobwino, mpaka azakhaliwo anakwiya kuti anthu akudutsa osawapatsa moni mayiwo.

Malangizo onse ali m'munsimu achokera pamenepo. Kwa amene akuona zomwe palibe, zinthuzo ndi zenizeni ngati khoma, ndiye nanunso muzijambule ngati khoma. Woonera azikayika yekha, inu musamuuze poyambira kukayika.

Kuti tisalankhule za m'malere, tiyenda ndi chitsanzo chimodzi: filimu ya mphindi 6 ya mlonda wa pachigayo ku Bembeke. Ndi mu July, magetsi azima, thupi likumutentha, ndipo wagona pang'ono kwambiri masiku atatu. Pakati pa usiku akumva chigayo chikulira. Akalowa akupeza mlongo wake, amene anamuika m'manda chaka chatha, akupeta ndi lichero.

Yambani ndi kumvetsera

Musanalembe kanthu, dziwani chimene chikumuonetsa munthu wanuyo zimenezi, chifukwa chilichonse chili ndi maonekedwe akeake. Wotentha thupi amasokoneza nthawi ndi malo, amabwebweta, usiku zimakula kukacha zimachepa. Amene anazolowera kachasu tsiku ndi tsiku n'kusiya mwadzidzidzi, pakatha masiku awiri kapena atatu amanjenjemera n'kumaona tizilombo tikuyenda pakhoma kapena pathupi. Namfedwa amamva mawu a malemu pakhomo kapena kuwaona pagulu la anthu pamsika, ndipo kawirikawiri sizimuopsa, zimamutonthoza. Okalamba ena amene maso akufa amaona anthu ang'onoang'ono kapena mizere yokongola, mutu wawo uli bwinobwino, akudziwa ndithu kuti palibe. Charles Bonnet wa ku Geneva analemba zimenezi mu 1760 ataziona kwa agogo ake omwe anali ndi ng'ala. Odwala matenda ena a maganizo nthawi zambiri amamva mawu kuposa kuona zinthu.

Pezani anthu awiri kapena atatu amene zinawachitikirapo ndipo ali okonzeka kukamba. Alipo pamudzi uliwonse. Musawajambule, ingokhalani nawo. Afunseni tinthu ting'onoting'ono: munthuyo anavala chiyani, anali ndi chithunzithunzi pansi kodi, mawu ankachokera mbali iti, munazindikira liti kuti palibe. Mayankho a mafunso otere ndiwo chuma cha filimu yanu. Ndipo mukapeza kuti wina zikumuchitikira panopa, ikani kope pansi mumuthandize kufika ku chipatala cha boma. Filimu idikira.

Ndikupemphani chinthu chimodzi ndi mtima wonse. Masewero athu azolowera kumuveka wodwala maganizo nsanza, kumupaka phulusa, kuti anthu aseke. Anthu amene mwakhala nawo pamphasa aja adzaonera filimu yanu. Isawachititse manyazi.

Mangani dziko lolimba kaye

Simungagwedeze chimene sichinaime. Mphindi ziwiri zoyamba mwa zisanu ndi chimodzizo zikhale za wamba mpaka woonera akhulupirire malowo. Mlonda akufika, akupatsana moni ndi mwini chigayo, "Mwaswera bwanji bwana," akulandira makiyi, akutseka loko, akuyatsa mbaula panja, akufunda chikhoti. Apa mukudzala zinthu zitatu zimene mudzazigwiritse ntchito kutsogolo: malo amodzi, chinthu chimodzi, phokoso limodzi. Kwa ife malo ndi chitseko cha chigayo, chinthu ndi lichero lopachikidwa pamsomali, phokoso ndi kulira kwa injini pamene ikuzima madzulo. Woonera awone ndi maso ake kuti loko watsekedwa ndipo lichero lili pamsomali. Akapanda kuona, ndiye kuti lichero likadzapezeka pansi sadzamva kanthu.

Kenaka dzilembereni lamulo la filimu yanu pa mzere umodzi, ndipo musaliphwanye. Lathu ndi ili: nthawi iliyonse mlonda akabwerera pachitseko, chinthu chimodzi chokha chasintha. Maya Deren ndi Alexander Hammid anachita zofanana mu Meshes of the Afternoon, filimu ya mphindi 14 imene anaijambula kunyumba kwawo ku Los Angeles mu 1943, yopanda mawu. Mayi amabwerera m'nyumba yomweyo mobwerezabwereza, ndipo kiyi, mpeni ndi duwa zimapezeka posiyana ulendo uliwonse. Zaka zoposa 80 zapita koma ikadasautsabe mtima, chifukwa imakuphunzitsa dongosolo kenaka n'kumalikhotetsa pang'onopang'ono. Zinthu zikangochitika mwachisawawa, woonera amatopa pa mphindi yachiwiri.

Script isapitirire masamba atatu. Mawu olankhula achepe kwambiri.

Malo, nyengo ndi chilolezo

Kuno tili ndi mwayi umene anzathu a kuchigwa alibe. Mu June ndi July nkhungu imatsika paphiri la Dedza, lomwe ndi lotalika kupitirira mamita 2,000, n'kuphimba mitengo ya paini ndi mapiri a ku Bembeke. Munthu akayenda masitepe makumi awiri wazimirira. Ena amalipira ndalama zambiri kuti apange utsi wotere. Koma nkhungu siyitanidwa, ndipo dzuwa likangokwera imabalalika. Konzekerani m'mawa katatu kuti mupeze kamodzi, mufike kusanache, zonse muli mutayeserera dzulo lake. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Pachigayo pemphani kwa mwini wake, m'mudzi yambirani kwa amfumu, m'nkhalango ya boma kaonaneni ndi a zankhalango. Ambiri amakopeka ndi mapanga a Chongoni, komwe kuli malo 127 a zojambula zakale za pamiyala ndipo UNESCO inawaika m'kaundula wake mu 2006. Kumeneko pitani ndi chilolezo cha dipatimenti yoyang'anira zinthu zakale, ndipo musakhudze kapena kunyowetsa zojambulazo pofuna kuti ziwale.

Za Gule Wamkulu ndinena mosabisa. Aliyense amene akufuna kuopseza woonera amathamangira chilombo, chifukwa ndi chapafupi. Ine sindichita. Gule ali ndi eni ake ndi malamulo ake, ndipo chilombo chilichonse chili ndi uthenga wake. Ku Chamare Museum ku Mua mungathe tsiku lonse mukuphunzira zimenezi. Kumutenga kuti akhale chizindikiro cha mutu wosokonekera ndi chipongwe kwa anthu amene mukukhala nawo. Ndiponso mlongo wake wa mlonda, atavala chitenje chake cha kale, akupeta mwakachetechete, amaopsa kuposa chigoba chilichonse.

Kukonza foni

Foni ikwana. Ikani pulogalamu yokulolani kusintha zinthu pamanja, monga Open Camera kapena Blackmagic Camera, zonse zaulere. Jambulani pa mafuremu (zithunzi) 25 pa sekondi, shutter (nthawi imene kamera imalowetsa kuwala pa chithunzi chilichonse) pa 1/50 ya sekondi. Chifukwa chake n'chakuti magetsi a m'dziko muno ndi a 50 Hz, pomwe mafoni ambiri amabwera ali pa mafuremu 30, ndipo zikasemphana chonchi mababu ena amaphethira kapena mizere imayenda pachithunzi. Tsekani focus (pamene chithunzi chikuonekera bwino), kuwala ndi white balance (kaonekedwe ka mitundu) kuti foni isamadzisinthire yokha. Ikasintha yokha pakati pa shoti (chigawo chimodzi chojambulidwa osaimitsa kamera), machenjerero onse ali m'munsiwa aonekera poyera.

Ngati mulibe tripod (miyendo itatu yoimikapo kamera), thumba la nyemba kapena la mchenga pampando ligwira ntchito. Kuzizira kumadya batire msanga, choncho power bank ikhale m'thumba la malaya pafupi ndi thupi. Mdima weniweni foni siutha, umadzaza timadontho. Jambulani usiku wanu ndi tochi ziwiri kapena nyali za sola, imodzi kumbuyo kwa wosewera, ina mutailozetsa kukhoma kuti kuwala kubwerere kofewa.

Kusokoneza muli pamalo pomwepo

Apa ndi pamene pali ntchito yokoma, ndipo zambiri zimachitika kutsogolo kwa kamera, osati pakompyuta.

Njira yakale kuposa zonse ndi kuimitsa kamera. Georges Méliès ankaigwiritsa ntchito ku France kuyambira mu 1896. Iye mwini ankafotokoza kuti anaitulukira kamera yake itakakamira mumsewu wa ku Paris, ndipo poonera anapeza basi itasanduka ngolo yonyamula maliro. Kamera isasunthe ngakhale pang'ono. Jambulani mlonda akuyang'ana pakona popanda munthu. Auzeni aime chilili, mlongo alowe akhale pakonapo, pitirizani. Podula ndi kulumikiza zimene mwajambula mudzachotsa pakati. Koma musamuonetse akutulukira mwadzidzidzi ngati matsenga a pa TV. Bisani podulapo: mlonda adutse kutsogolo kwa kamera, chikhoti chake chitseke chithunzi chonse kwa kamphindi, akadutsa mayiyo ali kale pamenepo ngati anakhalapo chikhalire. Palibe nyimbo, palibe kuphulika.

Yachiwiri ndi kubwereza. Ikani chizindikiro cha choko pamene pali miyendo ya tripod, ndipo ulendo wa mlonda wochoka pambaula kupita pachitseko muujambule kanayi mofanana ndendende. Koyamba zonse zili m'malo. Kachiwiri lichero lili pansi. Kachitatu loko ali m'dzanja lake koma sakumbuka kuti anatsekula. Kachinayi akufika pachitseko n'kuona munthu atakhala pambaula paja, atafunda chikhoti chake. Munthuyo ndi iye mwini. Kuti zimenezi zitheke, jambulani kawiri kamera ili pomwepo, koyamba ali kumanzere, kachiwiri ali kumanja, asadutse pakati, ndipo kuwala kusasinthe. Podula mumaphatikiza theka ili ndi theka linalo ndi mask (chida chobisa mbali ina ya chithunzi), mzere wake muubise pa mphuthu ya chitseko kapena pamtengo.

Yachitatu ndimaikonda kwambiri: kusewera chobwerera. Mlongo ayende chafutambuyo kuchoka pa mlonda, akuthira ufa pansi kuchokera m'lichero. Podula tembenuzani shotiyo. Tsopano akubwera kutsogolo monga munthu aliyense, koma ufa ukukwera kuchoka pansi kulowa m'lichero, chitenje chikugwedezeka mosayenera, mapazi akutera modabwitsa. Woonera sadziwa msanga chalakwika, thupi lake lokha ndi limene limadziwa. Pamafunika kuyeserera kwa ola lathunthu kuti kuyendako kuoneke kwachibadwa, ndipo wina aime kumbuyo kwa wosewerayo kuti asagwe.

Pali lamulo lakuti anthu awiri akamayang'anana, kamera ikhale mbali imodzi ya mzere wowalumikiza, kuti wa kumanzere akhalebe kumanzere. Lisungeni mphindi zinayi zoyamba, kenaka liphwanyeni kamodzi. Mlonda amene amayang'ana kumanja mwadzidzidzi akuyang'ana kumanzere, ndipo chipinda chimakhala ngati chatembenuka.

Za kuika kutsogolo kwa lenzi zili m'khitchini mwanu. Tambula yagalasi yopanda kanthu imapinda m'mbali mwa chithunzi. Kachidutswa ka kalilole mukakagwira pansi pa lenzi kamabweretsa denga pansi. Vaseline mupake pa pulasitiki yoonekera, m'mbali mokha, osati palenzi penipeni. Jambulani nkhope kudzera mu mpweya wotentha wa pamwamba pa mbaula, idzanjenjemera yokha. Jambulani chithunzi cha munthu m'madzi a m'ndowa, muchitembenuze podula kuti chiime bwino, kenaka dontho limodzi ligwemo. Zonsezi ndi zokoma, n'chifukwa chake ndi zoopsa: mukaziunjika mwabwerera ku madzi a m'beseni aja. Sankhani imodzi, muigwiritse ntchito pamalo amodzi.

Chizungulire chili ndi njira yake imene inatchuka ndi Vertigo ya Alfred Hitchcock mu 1958: munthu amakhala msinkhu womwewo koma za kumbuyo kwake zimatambasuka. Pafoni, jambulani mu 4K (chithunzi chachikulu kawiri kuposa cha 1080p m'litali ndi m'lifupi) mukuyandikira nkhope pang'onopang'ono ndi mosagwedeza. Podula, ntchito yanu ili pa 1080p, yambani shotiyo mutaikulitsa kawiri n'kumaichepetsa mpaka pamlingo wake, molingana ndi mmene munkayandikira, kuti nkhope isakule. Kamodzi kokha m'filimu yonse.

Chenjezo la pachigayo. Makina azimitsidwe kotheratu pamene anthu ali pafupi ndi malamba. Fumbi la ufa likamauluka limaoneka bwino kwambiri tochi ili kumbuyo kwake, koma limayaka, ndiye lisayandikire moto kapena kandulo. Mbaula isalowe m'chipinda chotseka, mpweya wake umapha mwakachetechete. Ndipo wosewera asasale tulo kapena kusuta chamba kuti azioneka weniweni. Thukuta ndi madzi osakaniza ndi glycerine pang'ono. Zotsalazo ndi luso lake.

Phokoso

Mukandifunsa kuti theka la nthawi yanga ndiliike pati, ndikuuzani pano. Maso amafufuza, koma khutu limangokhulupirira.

Phokoso lijambulidwe palokha ndi foni yachiwiri. Masana pitani mukajambule chigayo chikulira: pafupi, patali, kuseri kwa khoma, poyamba kulira, pozima. Jambulani kupeta, makala akuthetheka, loko, mapazi pa simenti, mphepo pamalata, agalu akutali. Pamalo aliwonse jambulaninso mphindi imodzi ya chete, aliyense ataima osapuma mokweza. Chete wa malo aliwonse ali ndi liwu lake, ndipo mudzamufuna polumikiza.

Tsopano seweretsani. Chigayo chiyambe kumveka motsika kwambiri mlonda ali pambaula, motsika moti woonera aziganiza kuti ndi galimoto ya pamsewu wa M1. Chikwere pang'onopang'ono. Akatsekula chitseko, chithunzi chionetse makina ali zii, malamba osayenda, koma phokoso likumvekabe. Ndiye pamene waona mlongo wake, chotsani zonse. Chigayo, mphepo, agalu, ngakhale chete uja. Patsale kupeta kokha, tsetsetse, pafupi ngati kuli m'khutu. Mu Audacity, pulogalamu yokonzera phokoso yomwenso ndi yaulere, mungathe kuchedwetsa phokoso, kulitsitsa liwu kapena kulitembenuza. Kupeta kochedwetsedwa pang'ono kumayamba kumveka ngati kupuma kwa munthu.

Mlongo akalankhula, alankhule za wamba, ndi mawu a kwawo: "Achimwene, mwadya?" Mawuwo muwajambule pakamwa pali pafupi ndi maikolofoni, m'chipinda chodzaza mabulangete, opanda kubwereza kwa phanga kumene anthu amakonda kuika pa mizukwa. Iye ali kutali pakona koma mawu ali pafupi. Kusemphana kumeneko n'kokwanira. Mukafuna, mawu atsogole theka la sekondi milomo isanayambe.

Kumbukirani kuti ambiri adzaonera pa WhatsApp, pa sipika ya foni, imene simatulutsa mawu okhuthala a pansi. Yesani phokoso lanu pafoni yotchipa musanakhutire. Nyimbo za eni ake musatenge popanda chilolezo; za umwini wa nyimbo funsani ku COSOMA. Filimu yotere kawirikawiri siifuna nyimbo n'komwe.

Kudula

CapCut kapena KineMaster pafoni zikwana. Muli ndi kompyuta yamphamvu, DaVinci Resolve ili ndi mtundu waulere. Tsamba la ma effects musalitsekule.

Lev Kuleshov wa ku Russia anaonetsa zaka pafupifupi 100 zapitazo kuti nkhope yomweyo imaoneka yanjala, yachisoni kapena yachikondi malinga ndi chithunzi chimene mwaiyandikizira. Choncho nkhope ya mlonda isachite zambiri. Nkhope, kenaka pakona pali mayi, kenaka nkhope yomweyo, kenaka pakona popanda munthu. Woonera adzaika yekha mantha pankhopeyo. Shoti imene mukufuna isautse, ichedwetseni masekondi atatu kupitirira pamene mtima ukukuuzani kuti dulani. Imene mukufuna woonera akayike ngati waionadi, ifupikitseni kufika mafuremu 8 kapena 10.

Konzani zosokonezazo ngati makwerero, chaching'ono poyamba. Chinthu chasuntha, phokoso lalakwika, malo atembenuka, munthu waoneka, mlonda wadziona yekha. Mukayamba ndi chachikulu mulibe kokwera. Mitundu ya zenizeni ndi ya zilubwelubwe ikhale imodzimodzi.

Pewani kuphethiritsa kuwala mothamanga. Kung'anima kopitirira katatu pa sekondi kungagwetse munthu wa khunyu. Mu December 1997 ku Japan ana oposa 600 anatengeredwa kuchipatala ataonera katuni ya Pokémon imene inali ndi kung'anima kofiira ndi kobiriwira ngati thambo. Ngati pali malo otere m'filimu yanu, achepetseni ndipo lembani chenjezo poyambirira.

Onetsani anthu atatu

Musanaitulutse, onetsani anthu atatu amene sadziwa nkhaniyo, aliyense payekha, mmodzi akhale wachikulire. Musafotokoze kanthu ndipo musafunse ngati yawasangalatsa, chifukwa mwaulemu adzati eya. Afunseni kuti anaona chiyani, ndipo ndi pati pamene anayamba kukayika. Onse akatchula malo amodzi oyambirira, mwaulula msanga. Chepetsani chizindikiro cha pamenepo. Akati sanamve chilichonse kuyambira pachiyambi, ndiye kuti mphindi ziwiri zoyamba sizinalimbe, bwererani mukawonjezere shoti za loko ndi lichero. Mmodzi akati mlongoyo analipodi, wina akati ndi malungo, musakhudzenso kanthu.

Mmodzi mwa anthu amene munakhala nawo poyamba paja aionerenso, ngati akufuna. Akati sizikhala choncho, mverani. Mukafuna kuionetsa pagulu m'holo, fufuzani kaye ku Censorship Board za chilolezo.

Shoti yomaliza ijambuleni m'mawa wa nkhungu uja. Mwini chigayo akufika, akupeza mlonda atakhala pakhomo akunjenjemera, akumugwira pamphumi, akuitana kabaza woti amutengere kuchipatala. Njinga ikuzimirira mu nkhungu. Mwini chigayo akutsekula loko ndi kiyi wake, akulowa. Kamera ikhale panja, iyang'ane mkati kudzera pachitseko, pamsomali pomwe panali lichero, ndipo muisiye ikujambula masekondi khumi. Jambulani kawiri, kamodzi lichero lilipo, kamodzi palibe. Mudzasankha pa tebulo lodulira.